Mohammad Reza Pahlavi: mfumu ya Iran imene inatsala yokha pampando

Pa 31 Disembala 1977, pulezidenti wa America, Jimmy Carter, ali paphwando mumzinda wa Tehran, anayamikira dziko la Iran kuti linali chilumba cha bata pakati pa chigawo chodzala ndi mikangano, ndipo anati zimenezi zinatheka chifukwa cha utsogoleri wa mfumu yake, Mohammad Reza Pahlavi. Carter sankangosangalatsa mwini phwando ayi, pakuti akazembe ndi akazitape a mayiko ambiri ankaonanso chimodzimodzi. Mfumuyo inali ndi asilikali pafupifupi 400,000, inali ndi ndege zankhondo za mtundu wa F-14 zimene America sinagulitsepo kwa dziko lina lililonse, ndipo dziko lake linali lachiwiri kwa Saudi Arabia pa kugulitsa mafuta kunja. Patangopita chaka chimodzi ndi masabata awiri, pa 16 Januwale 1979, mfumu yomweyo inakwera ndege n'kuchoka, ndipo sinabwererenso. Sinagonje pankhondo, komanso akuluakulu a asilikali ake sanaiukire. Amene anaichotsa anali anthu opanda zida amene anadzaza misewu, pamodzi ndi antchito amene anakana kupita kuntchito.

Kuti timvetse mmene ufumu wooneka wolimba chonchi unagwera mwamsanga chotere, tiyenera kuona zimene Shah, umene ndi udindo wa mfumu m'Chiperisiya, anachita ndi mphamvu zake pa zaka 37 zimene anakhala pampando. Anamanga misewu, mafakitale, mayunivesite ndi gulu lankhondo lamakono, ndipo zimenezi palibe angazikane. Koma pa nthawi yomweyo anafooketsa chilichonse chimene chinkaima pakati pa iye ndi anthu wamba: nyumba ya malamulo, zipani, mabungwe a antchito, nyuzipepala, makhoti, ngakhalenso eni minda ikuluikulu amene kale anali mizati ya ufumu. Itafika nthawi yoti afune anthu okambirana nawo ndi omuikira kumbuyo, anapeza kuti onsewo anawathetsa yekha, ndipo malo okhawo amene anthu akanasonkhanako popanda chilolezo chake anali mizikiti.

Banja la Pahlavi silinali la mafumu akale. Bambo ake, Reza Khan, anali msilikali wochokera m'banja losatchuka, amene anakwera maudindo m'gulu la asilikali la Cossack, anatsogolera kulanda boma mu Febuluwale 1921, ndipo mu 1925 nyumba ya malamulo inachotsa banja lachifumu la Qajar n'kumuika iyeyo kukhala Reza Shah. Anali munthu wolamula ndi mkono wachitsulo. Anamanga njanji yochokera ku Persian Gulf kukafika ku nyanja ya Caspian, anatsegula yunivesite ya Tehran, analanda makhoti ndi sukulu m'manja mwa mashehe, ndipo mu 1936 analetsa akazi kuvala nsalu yophimba kumutu, moti apolisi ankawavula pamsewu. Ndi iyenso amene mu 1935 anapempha mayiko akunja kuti asiye kutchula dzikolo kuti Persia, azilitchula kuti Iran monga eni ake ankachitira. Mu Ogasiti 1941, nkhondo yachiwiri yapadziko lonse ili mkati, asilikali a Britain ndi Soviet Union analowa m'dzikomo pofuna kuteteza zitsime za mafuta ndi kugwiritsa ntchito njanji ija potumiza zida ku Russia. Reza Shah anakakamizidwa kutula pansi udindo pa 16 Seputembala, ndipo Angerezi anamutengera ku Mauritius, kenako ku Johannesburg kumene anafera mu 1944. Mwana wake, amene anabadwa pa 26 Okutobala 1919 ndipo anaphunzira pasukulu ya Le Rosey ku Switzerland, analowa ufumu ali ndi zaka 21, ataona ndi maso ake kuti mayiko amphamvu angathe kuchotsa mfumu ya Iran m'masabata atatu. Mantha amenewo sanamuchoke moyo wake wonse.

Zaka 12 zoyambirira Shah anali mfumu yofooka, ndipo mwina n'chifukwa chake zinali zaka zimene ndale za Iran zinali zomasuka kuposa nthawi ina iliyonse ya ulamuliro wake. Nyuzipepala zinachuluka, nyumba ya malamulo yotchedwa Majlis inkasankha ndi kugwetsa nduna zikuluzikulu, ndipo chipani cha chikomyunizimu cha Tudeh chinakopa antchito ndi ophunzira ambiri. Mu Febuluwale 1949 munthu wina anamuwombera pa yunivesite ya Tehran koma anapulumuka, ndipo anapezerapo mwayi woletsa chipani cha Tudeh ndi kusintha malamulo oyendetsera dziko kuti akhale ndi mphamvu yothetsa Majlis.

Nkhani imene inasintha zonse inali ya mafuta. Kuyambira pamene mafuta anapezeka ku Masjed Soleyman mu 1908, ankakumbidwa ndi kugulitsidwa ndi kampani ya Angerezi imene pambuyo pake inatchedwa Anglo-Iranian Oil Company, imene masheya ake ambiri anali a boma la Britain, ndipo lero timaidziwa ndi dzina loti BP. Fakitale yake yoyenga mafuta ya ku Abadan inali yaikulu kuposa ina iliyonse padziko, koma antchito ambiri a Chiirani ankakhala m'zisakasa, ndipo ndalama zimene boma la Britain linkapeza pa misonkho ya kampaniyo zinkaposa zimene Iran inkalandira pa mafuta ake omwe. Mu 1950 kampani ya Amereka ya Aramco itavomera kugawana phindu pakati ndi pakati ndi Saudi Arabia, Angerezi anazengereza kuchita chimodzimodzi mpaka nthawi inawathera. Mu Malichi 1951 nduna yaikulu Ali Razmara, amene ankatsutsa zolanda kampaniyo, anaphedwa, Majlis inavota kuti mafuta akhale a boma, ndipo mwezi wotsatira Mohammad Mossadegh, loya wachikulire amene anatsogolera nkhondo imeneyi, anakhala nduna yaikulu.

Mossadegh ankafuna zinthu ziwiri, ndipo chachiwiricho chimaiwalika kawirikawiri. Ankafuna mafuta, koma ankafunanso kuti malamulo oyendetsera dziko a 1906 atsatidwe, kutanthauza kuti mfumu ikhale pampando monga chizindikiro cha dziko, pamene olamulira akhale nduna zosankhidwa ndi aphungu. Mu Julayi 1952 anapempha kuti unduna wa zankhondo ukhale m'manja mwake, Shah anakana, iye anatula pansi udindo, ndipo patangopita masiku asanu anthu atachita zionetsero zimene zinaphetsa ambiri, Shah anakakamizika kumubwezera pampando. Pamenepo Britain inali itatsekereza kale mafuta a Iran kuti asagulidwe kulikonse, chuma chinayamba kuphwa, ndipo Mossadegh anayamba kutaya anzake, kuphatikizapo shehe wamkulu Ayatollah Kashani amene ankamubweretsera khamu la m'mizikiti. Iyenso sanali wopanda banga: mu Ogasiti 1953 anathetsa Majlis kudzera mu riferendamu imene ovomereza ndi okana ankavotera malo osiyana, zimene zinachititsa kuti aliyense aoneke mbali yake. Angerezi anakopa boma la America la pulezidenti Dwight Eisenhower poliopseza kuti Iran igwera m'manja mwa achikomyunizimu, ndipo mabungwe a akazitape a CIA ya America ndi MI6 ya Britain anakonza chiwembu. Shah atanyinyirika kwa nthawi, anasaina zikalata zochotsa Mossadegh ndi kuika General Fazlollah Zahedi. Chiwembu choyamba chitalephera, anathawira ku Baghdad kenako ku Rome. Pa 19 Ogasiti magulu a anthu, ena mwa iwo olipidwa, pamodzi ndi akasinja a asilikali anagwetsa boma la Mossadegh, ndipo Shah anabwerera patapita masiku atatu.

Akatswiri a mbiri yakale amatsutsanabe kuti pa tsiku limenelo ndalama za CIA zinachita gawo lalikulu bwanji poyerekeza ndi asilikali, mashehe ndi amalonda a Chiirani amene anali atatopa kale ndi Mossadegh. Mtsutso umenewo ndi woona, koma pa nkhani ya tsogolo la Shah suli wofunika kwenikweni, chifukwa chimene anthu ambiri anasunga mumtima n'chakuti mfumu yawo inathawa ndipo alendo ndi amene anaibwezeretsa. Mossadegh anakhala m'ndende zaka zitatu, kenako anatsekeredwa pamudzi pake ku Ahmadabad mpaka imfa yake mu 1967, ndipo nduna yake yoona za kunja, Hossein Fatemi, inaphedwa. Mu 1954 mafuta anaperekedwa kwa gulu la makampani akunja, mmene Angerezi anatsala ndi magawo 40 pa 100 aliwonse, makampani a America anatenganso 40, ndipo phindu linkagawidwa pakati ndi pakati ndi Iran. CIA inadzavomera poyera mbali yake mu 2013. Mu 1957, mothandizidwa ndi America ndiponso pambuyo pake Israel, Shah anakhazikitsa bungwe la apolisi achinsinsi la SAVAK.

Chiyambi cha zaka za m'ma 1960 chinabweretsa ntchito imene Shah ankanyadira kuposa zonse. Boma la America la John Kennedy linkamukakamiza kuti asinthe zinthu anthu asanamuukire, ndipo mu Januwale 1963 analengeza ndondomeko imene anaitcha Kusintha Koyera, kutanthauza kusintha kopanda kukhetsa mwazi. Mfundo zake zoyamba zinali zisanu ndi imodzi, ndipo zikuluzikulu zinali kugawa minda, kupatsa akazi ufulu wovota, kugawira antchito a m'mafakitale gawo la phindu, ndi kutumiza anyamata omaliza sekondale kukaphunzitsa kumidzi m'malo mokhala kumabalaki. Nthawi imeneyo midzi yathunthu inali ya munthu mmodzi wokhala mumzinda, ndipo alimi anali matenanti opereka gawo lalikulu la zokolola zawo. Mabanja pafupifupi 2 miliyoni analandira malo. Lamulo loteteza mabanja la 1967 linalamula kuti ukwati uzithera kukhoti ndipo linachepetsa ufulu wa mwamuna wokwatira mitala, ndipo mu 1968 Farrokhroo Parsa anakhala mkazi woyamba kukhala nduna, woyang'anira maphunziro. Kwa zaka khumi chuma chinkakula ndi pafupifupi 10 peresenti pachaka, ku Isfahan kunamangidwa fakitale ya zitsulo, ndipo galimoto zotchedwa Paykan zinayamba kupangidwa m'dzikomo.

Komabe kugawa minda kunali ndi zotsatira zimene Shah sanaziwerengere. Alimi ambiri analandira timinda tochepa kwambiri tosakwanira kudyetsa banja, opanda ngongole ya mbewu ndi ng'ombe zimene mwini munda ankapereka kale, ndipo aganyu amene analibe ufulu wolima pamalo ena alionse sanalandire kanthu. Ambiri anasamukira kumizinda. Anthu okhala mu Tehran anachoka pa 1.5 miliyoni mu 1956 kufika pa 4.5 miliyoni mu 1976, ndipo obwera kumenewa, okhala m'makomboni a kummwera kwa mzindawo, anapeza kuti amene ankawalandira, kuwathandiza pa maliro ndi kuwapezera ganyu anali a kumzikiti, osati a boma. Eni minda nawo, amene kale ankadzaza Majlis ndipo ankabweretsa mavoti a midzi yawo kwa mfumu, anatha mphamvu, ndipo panalibe china chimene chinalowa m'malo mwawo kupatula akuluakulu a boma otumidwa kuchokera ku likulu.

Apa ndi pamene dzina la Ruhollah Khomeini linayamba kumveka. Mu Juni 1963 shehe ameneyu analalikira mumzinda wa Qom modzudzula Shah mwachindunji, anamangidwa, ndipo zipolowe zimene zinatsatira zinathetsedwa ndi mfuti. Tiyenera kuzindikira kuti amene analamula asilikali kuwombera anali nduna yaikulu Asadollah Alam, pamene Shah mwini wake ankazengereza, monga anachitira mu 1953. Chaka chotsatira Majlis inavomereza lamulo loti asilikali a America okhala mu Iran asamazengedwe mlandu m'makhoti a dzikolo, ndipo Khomeini anati lamulolo laika Mwiirani pansi pa galu wa Mmereka. Mawu amenewa anafika pamtima ngakhale kwa anthu amene sankapita kumzikiti. Anathamangitsidwa mu Novembala 1964, anapita ku Turkey, kenako anakhazikika ku Najaf m'dziko la Iraq, kumene mu 1970 anaphunzitsa kuti ufumu ndi wosemphana ndi Chisilamu ndipo dziko liyenera kutsogoleredwa ndi katswiri wa malamulo a chipembedzo. Panthawiyo mashehe ambiri akuluakulu a Chishia, nthambi ya Chisilamu imene Airani ambiri amatsatira, sanagwirizane nacho chiphunzitsochi.

Kuchokera pamenepo Shah anayamba kudziona ngati wosalakwa. Anadziveka chisoti chaufumu mu 1967, n'kuvekanso mkazi wake wachitatu, Farah Diba, amene anamuberekera mwana wamwamuna mu 1960. Mu Okutobala 1971 anaitana mafumu ndi mapulezidenti, kuphatikizapo Haile Selassie wa ku Ethiopia, ku mabwinja a Persepolis kukakondwerera zaka 2,500 za ufumu wa Persia, m'matenti apamwamba ndi chakudya chochokera ku Paris, pamene Airani wamba ankangoonera pa wailesi yakanema. Chaka chomwecho Britain inachotsa asilikali ake ku Persian Gulf, ndipo mu Meyi 1972 pulezidenti wa America, Richard Nixon, anauza Shah kuti angagule chida chilichonse cha America chimene angafune kupatula cha nyukiliya. Iran inakhala mlonda wa chigawocho: inatumiza asilikali ku Oman kukathetsa zigawenga za ku Dhofar, inkagulitsa mafuta kwa Israel, ndiponso inali gwero la mbali yaikulu ya mafuta a South Africa ya nthawi ya tsankho, kumene kampani ya boma la Iran inali ndi masheya m'fakitale yoyenga mafuta ya Natref ku Sasolburg. Boma limene linabwera mu 1979 linadula ubale umenewu.

Mu Disembala 1973, pamsonkhano wa bungwe la mayiko ogulitsa mafuta la OPEC mu Tehran, Shah anali patsogolo pokweza mtengo wa mafuta kufika pa madola 11.65 pa mgolo, kuchoka pa madola atatu miyezi yochepa m'mbuyomo. Ndalama zimene Iran inkapeza pa mafuta zinakwera kuchoka pa madola pafupifupi 5 biliyoni kufika pafupifupi 20 biliyoni m'chaka chimodzi. Akatswiri ake a zachuma anamuchenjeza kuti dzikolo linalibe madoko, magetsi ndi amisiri okwanira kumeza ndalama zonsezi nthawi imodzi, koma iye anatemetsa nkhwangwa pamwala, ndipo mu 1974 anawirikiza kawiri ndalama za ndondomeko ya chitukuko ya zaka zisanu. Zotsatira zake zinali zimene anachenjezedwazo. Sitima zapamadzi zinkadikira miyezi pa doko la Khorramshahr, katundu ankawonongeka asanatsitsidwe, lendi ya nyumba mu Tehran inakwera moposa malipiro, magetsi ankazimazima, ndipo nkhani za ziphuphu za abale a mfumu zinali pakamwa pa aliyense. Akatswiri akunja zikwizikwi ankalandira malipiro oposa a Airani ogwira ntchito yomweyo. Mu 1977 boma litayamba kuchepetsa ndalama kuti mitengo itsike, ntchito zomanga zinaima, ndipo oyamba kuchotsedwa anali anyamata aja ochokera kumidzi.

Pa ndale zinthu zinali zitauma kale. Kwa zaka zambiri kunali zipani ziwiri zololedwa, zimene anthu ankazitcha mwachipongwe kuti chipani cha "inde" ndi chipani cha "inde bwana". Mu Malichi 1975 Shah anathetsa ngakhale sewero limeneli n'kukhazikitsa chipani chimodzi chotchedwa Rastakhiz, ndipo ananena kuti amene sakufuna kulowamo atenge pasipoti achoke. Kufikira nthawiyo munthu akanatha kungokhala chete n'kusiyidwa, koma tsopano ankafunika kuwomba m'manja. Chipanichi chinatumiza achinyamata m'misika ikuluikulu yotchedwa bazaar kukasaka okweza mitengo, ndipo amalonda zikwizikwi analipitsidwa chindapusa, ena anamangidwa kapena kuthamangitsidwa m'mizinda yawo. Uku kunali kulakwitsa kwakukulu, chifukwa amalonda amenewa ndi amene ankapereka zopereka zoyendetsera mizikiti ndi sukulu za mashehe. Mu 1976 anasinthanso kalendala kuti isamawerengedwe kuyambira pa ulendo wa Mtumiki Muhammad wopita ku Medina koma pa ufumu wa Koresi, mfumu yakale ya Persia, moti anthu anagona m'chaka cha 1355 n'kudzuka m'chaka cha 2535. SAVAK inkazunza akaidi m'ndende monga ya Evin, makamaka kuyambira 1971 pamene magulu a achinyamata okhala ndi zida anayamba kuukira boma. Kafukufuku wa pambuyo pake anaonetsa kuti ophedwa anali ochepa kuposa amene otsutsa ankalengeza, koma mphamvu ya bungweli inali pa mantha: aliyense ankakhulupirira kuti m'kalasi kapena mu ofesi iliyonse muli kazitape, ndipo nduna zomwe zinaphunzira kuuza mfumu zokhazo zimene inkafuna kumva.

Panalinso chinsinsi china. Mu 1974 madokotala a ku France anapeza kuti Shah ali ndi khansa ya m'magazi, ndipo nkhaniyi inabisidwa kwa anthu, kwa boma la America, ngakhalenso kwa mkazi wake kwa zaka zingapo.

Mu 1977 Carter atayamba kulankhula za ufulu wa anthu, Shah anamasula pang'ono zingwe, ndipo oyamba kulankhula anali maloya, olemba ndi otsatira a Mossadegh, amene pempho lawo linali lomwe lija loti malamulo a 1906 atsatidwe. Akanakambirana nawo nthawi imeneyo, mwina mbiri ikanayenda mwina. M'malo mwake, pa 7 Januwale 1978 nyuzipepala ya Ettela'at inasindikiza nkhani yonyoza Khomeini imene inachokera ku boma, ophunzira zachipembedzo ku Qom anachita zionetsero, ndipo apolisi anapha angapo. Mwambo wa Asilamu a kumeneko, wofanana ndi sadaka imene Asilamu ambiri a kuno amachita, ndi wokumbukira womwalira pakatha masiku 40. Mwambo wokumbukira ophedwa a ku Qom unasanduka zipolowe ku Tabriz pa 18 Febuluwale, ophedwa a ku Tabriz anakumbukiridwa m'mizinda yambiri kumapeto kwa Malichi, ndipo zinapitirira choncho. Boma limene linkatha kuletsa msonkhano wa chipani silikanatha kuletsa maliro. Pa 19 Ogasiti nyumba yoonetsera mafilimu ya Rex ku Abadan inatenthedwa zitseko zili zotseka, ndipo anthu pafupifupi 400 anafa. Umboni umene unadzapezeka unaloza kwa achinyamata otentheka pa chipembedzo, koma panthawiyo pafupifupi aliyense anakhulupirira kuti ndi SAVAK, zimene zikuonetsa kuti boma linali litataya chikhulupiriro chonse. Pa 8 Seputembala asilikali anawombera khamu pa bwalo la Jaleh mu Tehran. Mphekesera inati afa zikwi zingapo, ngakhale kuwerengera kwa pambuyo pake kunapeza osakwana 100, koma kuyambira tsiku limenelo mwayi wogwirizana unatha.

Chimene chinathyola msana wa ufumu sichinali zionetsero zokha koma sitiraka. Mu Okutobala antchito a m'zitsime ndi m'mafakitale a mafuta ananyanyala ntchito, anatsatira a kubanki, a kasitomu, a magetsi ndi aphunzitsi, ndipo amalonda a m'bazaar ankasonkha ndalama zodyetsa mabanja awo. Mwezi womwewo Iraq inathamangitsa Khomeini popemphedwa ndi Iran, ndipo anakakhala ku Neauphle-le-Château pafupi ndi Paris, kumene anapeza matelefoni abwino, atolankhani a dziko lonse ndi wailesi ya BBC ya Chiperisiya. Maulaliki ake ankajambulidwa pa makaseti n'kufalitsidwa m'mizikiti. Iye anali ndi nzeru yosanena zambiri za boma limene ankafuna, ankangobwereza kuti Shah achoke, ndipo motero achikomyunizimu, ophunzira, akazi ophunzira bwino ndi otsatira a Mossadegh onse anaganiza kuti shehe wokalambayo akadzapambana adzabwerera kukaphunzitsa ku Qom.

Shah anagwira njakata. Pa 6 Novembala anaika boma la asilikali, koma tsiku lomwelo analankhula pa wailesi yakanema mopepesa, nati wamva uthenga wa kuukira kwa anthu ake. Anamanga Amir Abbas Hoveyda, amene anamutumikira monga nduna yaikulu kuyambira 1965 mpaka 1977, pamodzi ndi mkulu wakale wa SAVAK, poganiza kuti anthu akhutira, koma chimene anachita n'kuphunzitsa omutsatira kuti kukhulupirika kwa mfumu sikuteteza munthu, ndipo olemera anayamba kutumiza chuma kunja n'kuthawa. Ku Washington mlangizi wa Carter, Zbigniew Brzezinski, ankamulimbikitsa kugwiritsa ntchito mphamvu pamene unduna wa zakunja unkalankhula zina. Iye anakana kulamula kupha anthu mwaunyinji, ndipo pa ichi ayenera kupatsidwa ulemu wake, ngakhale kuti matenda ndi chikhalidwe chake chozengereza zinathandizirapo. Akuluakulu a asilikali sakanatha kuchita kanthu paokha chifukwa iye anawazoloweretsa kuti aliyense azipereka lipoti kwa mfumu payekha, osakumana, poopa kuti angamuchite chiwembu. Pa 10 ndi 11 Disembala, masiku opatulika a Chishia a Tasua ndi Ashura, anthu oposa miliyoni anayenda mu Tehran. Madzi atafika m'khosi, anapereka boma kwa Shapour Bakhtiar, wotsatira wa Mossadegh amene iye mwini anamumangapo, koma anzake a Bakhtiar anamukana tsiku lomwelo. Shah atachoka, Khomeini anafika pa 1 Febuluwale, ndipo pa 11 Febuluwale asilikali analengeza kuti sali mbali iliyonse.

Miyezi 18 yotsalayo inali yoyendayenda: Egypt, Morocco, Bahamas, Mexico, kenako New York mu Okutobala 1979 kukalandira chithandizo. Kuloledwa kwake kulowa mu America kunakumbutsa anthu za 1953, ndipo pa 4 Novembala ophunzira analanda ofesi ya kazembe wa America mu Tehran n'kusunga anthu 52 kwa masiku 444. Shah anapita ku Panama, kenako pulezidenti wa Egypt, Anwar Sadat, anamulandiranso ku Cairo, kumene anamwalira pa 27 Julayi 1980 n'kuikidwa mumzikiti wa Al-Rifa'i.

Boma la Chisilamu linatenga makina a boma amene mafumu awiri a Pahlavi anamanga, ndipo linawagwiritsa ntchito mwankhanza zoposa. Ndende ya Evin sinatsekedwe, bungwe latsopano la akazitape linalowa m'malo mwa SAVAK, ndipo anthu amene anaphedwa pa milandu ya ndale m'zaka khumi zoyambirira, kuphatikizapo akaidi zikwi zingapo mu 1988, anaposa kutali onse amene anaphedwa mu ulamuliro wa Shah. Hoveyda anaphedwa mu 1979, Farrokhroo Parsa mu 1980, ndipo Bakhtiar anaphedwa kunyumba kwake pafupi ndi Paris mu 1991. Lamulo loteteza mabanja linaimitsidwa ndipo kuphimba kumutu kunakhala kokakamiza, ngakhale ufulu wa akazi wovota sunachotsedwe. Zolinga zina za Shah zinapitirira osasintha: ntchito ya nyukiliya imene ikuvutitsa mayiko lero inayamba ndi iye, pamene mu 1974 anakhazikitsa bungwe loona za mphamvu imeneyi ndipo chaka chotsatira kampani ya ku Germany inayamba kumanga malo opangira magetsi a Bushehr, ndiponso mtima wofuna kuti Iran ikhale yaikulu m'chigawocho ndi womwewo. Chimene chinatembenuka kotheratu ndi abwenzi, pakuti America ndi Israel zinasanduka adani.

Airani ambiri a lero anabadwa Shah atachoka kale, ndipo chimene amadziwa ndi boma limene lilipoli. N'chifukwa chake pa zionetsero za kumapeto kwa 2017 kunamveka anthu akufuula modalitsa mzimu wa Reza Shah, ndipo mawailesi akanema a Chiperisiya oulutsa kuchokera kunja amaonetsa zithunzi za m'ma 1970 ngati nyengo ya mtendere ndi ulemu. Kulakalaka kumeneku n'komveka, koma kumadumpha SAVAK, Rastakhiz ndi makomboni a kummwera kwa Tehran, ndipo Akurdi ambiri, a ndale za kumanzere ndi mabanja a amene anazunzidwa sanaiwale. Pa zionetsero za 2022 zotsatira imfa ya Mahsa Amini, mtsikana amene anafera m'manja mwa apolisi, ena ankatchula dzina la Pahlavi pamene ena ankafuula kuti safuna wopondereza aliyense, kaya Shah kaya mtsogoleri wachipembedzo. Mwana wa Shah, Reza Pahlavi, amene amakhala ku America, amanena kuti akufuna demokalase yolekanitsa chipembedzo ndi boma, ndipo kuti anthu adzasankhe okha pa riferendamu ngati akufuna mfumu kapena ayi. Mfumu imene ambiri omutsatira amaifotokoza, yokhala pampando popanda kulamulira, ndi yomwe Mossadegh anapempha bambo ake kuti akhale mu 1952, ndipo maloya anapemphanso mu 1977.